Kalk Bay, mudzi wa asodzi umene unakana kusamuka

Ulendo wake si wautali. Kuchoka pasiteshoni ya sitima ya Muizenberg kukafika padoko la Kalk Bay ndi makilomita atatu kapena kuposerapo pang'ono, mtunda woti mwana wasukulu kwathu ku Nkhotakota amauyenda m'mawa uliwonse osaumva n'komwe. Koma oyendetsa alendo a mu Cape Town anautambasula mpaka unakwana tsiku lathunthu. Mumanyamuka dzuwa litakwera pang'ono, woperekeza ali patsogolo ndi chipewa chake, mukaima apa, mukaima apo, masana mudye nsomba ndi tchipisi, madzulo sitima ikubwezeni kutauni. Ine ndakhala ku Capricorn zaka zingapo, pafupi ndithu ndi Muizenberg, ndipo njirayi ndinkaidutsa popita kumaganyu osaganizako zoti munthu angatulutse ndalama m'thumba kuti ayendemo. Ndinapita nawo chifukwa mlamu wanga amagwira ntchito panyumba ina yogona alendo, ndipo tsikulo alendo awiri amene anali atalipira kale anadzuka ndi chimfine. "Alamu, valani nsapato zabwino, lero ndinu alendo," anatero pafoni.

Woperekezayo anali mayi wodziwa ntchito yake, wosathamangitsa anthu. Komabe tsiku limodzi silikwana, ndipo alendo ambiri amafuna zithunzi kuposa nkhani. Zimene iye anangozikhudza pamwamba ndi zimene zinandikhala mumtima, moti ndinabwererako kangapo ndekha, kumacheza ndi anthu padoko ndi kumawerenga zolembedwa za mudziwu. Ndine mwana wa msodzi, ndiye mwina n'chifukwa chake ndinkangomva chinthu chimodzi m'nkhani zonsezo: kuti anthu amene anamanga mudziwu ndi mbedza akhala akukankhidwa kuchoka pagombe pawo kuyambira kalekale, ndipo wokankhayo amangosintha malaya.

Mukanyamuka ku Muizenberg, phiri limakhala kumanja, nyanja kumanzere, pakati pake msewu ndi njanji zikupanikizana. Nyanjayo ndi False Bay, dzina longa kunena kuti gombe lonamiza. Amalinyero ochokera kum'mawa ankati akaona phiri la Hangklip n'kumayesa kuti ndi Cape Point, n'kukhotera mkati poganiza kuti akulowera ku Table Bay, kumene kunali doko. Pambuyo pake gombe lonamizalo ndi limene linawapulumutsa. M'nyengo yozizira mphepo yochokera kumpoto chakumadzulo inkaswa zombo ku Table Bay, choncho kuyambira mu 1743 kampani ya Adatchi imene inkalamulira Cape inayamba kukocheza zombo zake ku Simon's Town m'miyezi imeneyo. Kanyumba koyera ka makoma ochindikala kotchedwa Het Posthuys, kamene mumayamba kukaona, kanali ka alonda a kampaniyo oyang'anira njira imeneyi. Chapafupi pomwepo, pa 7 Ogasiti 1795, zombo zankhondo za Angerezi zinawomba mizinga pamsasa wa Adatchi, Adatchiwo n'kuthawira kumtunda, ndipo pofika Sepitembala Cape inali m'manja mwa Angerezi. Pamalopo lero pali miyala ndi tchire basi. Sitinakhalitsepo.

Pamene ine ndinaima kwenikweni ndi pakanyumba kena kofolera ndi udzu, m'mphepete mwa msewu womwewo. M'menemo ndi mmene munafera Cecil Rhodes pa 26 Malichi 1902, ali ndi zaka 48, mtima utamukanika. Alendo anzanga ankadabwa kuti munthu wolemera chomwecho, wa migodi ya dayamondi ndi golide, anafera m'kanyumba kakang'ono chotere. Ine ndinkaganiza zina. Kampani yake ya British South Africa Company ndi imene inkapereka mapaundi 10,000 pachaka kwa Harry Johnston m'zaka zoyambirira za ulamuliro wa atsamunda kwathu, kuyambira mu 1891, ndipo ndalama zimenezo zinathandiza kulipira asilikali amene anagonjetsa mafumu athu. Achibale athu a ku Chipata ndi ku Harare anakhala zaka zambiri m'mayiko otchedwa dzina lake. Maliro ake anakaikidwa kumapiri a Matobo ku Zimbabwe. Ndinasuzumira pazenera n'kuona kuti chipinda chake sichiposa chimene ndimachita lendi.

Kuchokera apo mumatsikira kukanjira ka simenti kamene kanamangidwa pakati pa njanji ndi miyala ya m'nyanja. Madzi akadzaza, mafunde amakuthirani ndithu, ndipo mzungu wina wa m'gulu lathu anafika ku St James buluku lili chonyowa mpaka m'chiuno. St James ndi paja pali tinyumba tamatabwa topaka utoto wofiira, wachikasu, wobiriwira, timene timaoneka pamapositikhadi. Anthu amajambula timeneto n'kudutsa. Koma nkhani ili kutsidya kwa msewu, patchalitchi cha Katolika cha miyala.

Tchalitchi choyamba chinamangidwa mu 1858, ndipo amene ankapempheramo kwambiri anali asodzi ochokera ku Philippines. Nkhani imene imasimbidwa m'mabanja mwawo ndi yoti oyamba anapulumuka chombo chitasweka chakuno m'zaka za m'ma 1840, n'kupeza kuti nyanjayi ili ndi nsomba zosatha, osafunanso kubwerera. Ena anatsika m'zombo zimene ankagwiramo ntchito n'kuzemba, enanso anabwera pothawa ulamuliro wa Spain pambuyo pa chipolowe cha ku Cavite mu 1872. Amene amakumbukiridwa ngati mtsogoleri wawo ndi Felix Florez, yemwe ankalandira obwera kumene, kuwapezera pogona ndi zipangizo zophera nsomba. Ife amene tinafika ku Joni ndi kachikwama kamodzi ndi nambala ya foni ya munthu wakumudzi tikudziwa bwino kufunika kwa munthu wotere. America italanda Philippines mu 1898 ena anabwerera kwawo, koma ambiri anali atakwatira kale kuno, ndipo mpaka lero ku Kalk Bay kuli mabanja a mayina a Chisipanishi amene amayankhula Chiafrikaans, komanso masitepe ena okwera kuphiri otchedwa Manila Steps.

Tchalitchi chawo choyambacho chinali kumunsi, kufupi ndi madzi. A njanji atafuna malowo kuti amangepo siteshoni, wansembe wa pamenepo, bambo John Duignam, anavomera kusamuka koma anati siteshoniyo itchedwe dzina la tchalitchi. N'chifukwa chake dera lonselo lero ndi St James. Tchalitchi chatsopano chinamangidwa kumtunda kwa msewu ndi miyala ya m'phiri lomwelo, asodziwo akuthandiza kusenza. Dzina linatsala pagombe, eni ake n'kukwera kumtunda. Zofanana ndi zimenezi zinadzachitikanso kutsogoloku, padoko penipeni.

Dzina loti Kalk Bay lilibe chochita ndi nsomba. Kalk m'Chidatchi ndi laimu. Pagombepa pankakhala milu ya zigoba za nkhono zam'nyanja, ndipo anthu ankaziwotcha m'mauvuni n'kupeza laimu womangira ndi kupakira nyumba, uja amene amayeretsa nyumba zakale za ku Cape. Adatchi asanafike mu 1652, m'mphepete monsemu munkakhala kale Akhoi ndi makolo awo kwa zaka masauzande, akudya za m'nyanja ndi kugona m'mapanga a m'mapiriwa. Bwanamkubwa Simon van der Stel anayendera nyanjayi mu 1687 n'kuona kuchuluka kwa nsomba, ndipo kampani inayamba kudalira nsomba zakuno podyetsa akapolo ake. Zombo zitayamba kukocheza ku Simon's Town, kagombe ka Kalk Bay kanapezanso ntchito ina. Njira yapamtunda yopitirira kumwera inali yoipa, mchenga wotitimira ndi miyala, choncho katundu ankabwera pangolo za ng'ombe kudzafika pano, n'kumupatsira m'mabwato kuti akafike kuzombo.

Kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1800 kunabwera malonda a anangumi. Zinsomba zikuluzikuluzi zimalowa mu False Bay chaka chilichonse kuyambira cha mu Juni mpaka Novembala, zina zili ndi ana, ndipo zimayandikira kumtunda kwambiri moti anthu ankazitsata ndi mabwato opalasa n'kuzibaya ndi mikondo yazingwe. Ankazikokera pagombe, kuzicheka, n'kuwiritsa mafuta ake m'miphika ikuluikulu. Sipanapite zaka zambiri, anangumi anachepa ndipo malondawo anazilala. Anthu anabwerera ku mbedza. Lero anangumi omwewo, amene anatetezedwa ndi pangano la mayiko m'zaka za m'ma 1930, ndi amene alendo amakwera kumsewu wa Boyes Drive kukawaona akupuma ndi kumenya madzi ndi mchira.

Anthu ambiri opalasa mabwato aja anali akapolo kapena ana a akapolo. Ku Cape akapolo ankachokera ku Indonesia, ku India, ku Madagascar ndi ku Mozambique. Ukapolo unathetsedwa pa 1 Disembala 1834, koma anthuwo anawakakamiza kugwirabe ntchito kwa mabwana awo mpaka 1838. Atamasuka, ambiri analibe munda ngakhale mbuzi, koma nyanja sinkafunsa chikalata cha malo, ndiye ena anatsikira kumagombe ngati lino. Asilamu mwa iwo anamanga mzikiti waung'ono umene ulipobe m'kamsewu kena kokwera phiri. Palinso ena amene Angerezi ankawalanditsa m'zombo za akapolo ataletsa malondawo mu 1807. Ankawatsitsira ku Cape, n'kuwapereka kwa mabwana kuti awagwirire ntchito mpaka zaka 14, eti kuwaphunzitsa ntchito. Onse ochokera mbali ya Mozambique ankangotchedwa Mozbiekers. Tikudziwa kuti misika ya akapolo ya ku Quelimane ndi pachilumba cha Mozambique inkalandira anthu ochokera kuchigwa cha Zambezi ndi kumadera ozungulira nyanja yathu: Amakua, Ayao, Amaravi. Choncho ndikamakwera sitima ndi anthu amene kuno amatchedwa makaladi, ena akutinena kuti ndife obwera, ndimangoti mumtima: mwa agogo anu ena munali oyankhula chinenero chosasiyana kwenikweni ndi changa.

Mudzi unakula motero. Mfilipino, Msilamu wa makolo a ku Java, Mpwitikizi, mzungu wothawa m'chombo, onse m'boti limodzi, ana awo n'kumakwatirana. Panyanja chimene chimawerengedwa ndi dzanja lako pachingwe.

Kenako kunabwera sitima. Njanji inafika ku Muizenberg mu 1882, ku Kalk Bay mu 1883, ndipo olemera a mu Cape Town, kenako a ku Kimberley ndi Johannesburg, anazindikira kuti kuno madzi ndi ofundirapo kuposa a mbali ya Atlantic. Anayamba kumanga nyumba zopumuliramo ndi mahotela m'mbali mwa phiri. Kwa asodzi sitima inali ndi ubwino wake, chifukwa nsomba zinkafika kumsika zisanawonongeke. Vuto linadza mu 1890, pamene njanji anaipitiriza kukafika ku Simon's Town. Anaidutsitsa pagombe penipeni pamene asodzi ankakokerapo mabwato awo, pamwamba pa chikhoma cha miyala chimene mumachiona mpaka lero. Kale mphepo ikavuta ankangokokera mabwato kumtunda, kutali ndi mafunde. Tsopano kumtunda kuja kunali khoma. Mphepo yakum'mwera chakum'mawa, imene imawomba ngati mwera wa kwathu koma mwaukali kuposa, ikabwera ndi mafunde, mabwato ankamenyetseka pakhomapo n'kusweka ngati zikho. Aliyense amene anaonapo bwato la bambo ake litang'ambika pamiyala akudziwa kuti si thabwa lokha limene lapita, ndi ufa wa chaka chonse. Akuluakulu anayesa kuimika zitsulo zoti azipachikapo mabwato m'mwamba, koma sizinathetse vuto. Asodzi anadandaula zaka zoposa makumi awiri mpaka mu 1913, pamene nduna ya za njanji ndi madoko, Henry Burton, inaika mwala woyamba wa khoma lotchinga mafunde. Ntchitoyo inatenga zaka zingapo.

Doko litatha, zinthu zinasinthanso mwanjira imene ambiri sanaiyembekezere. Padoko lotetezeka pankatha kukhala maboti akuluakulu a injini, ndipo boti la injini limafuna ndalama zimene msodzi wamba analibe. Amene kale ankapalasa bwato la banja lawo anayamba kukwera maboti a eni ake ena. Maboti amatabwa amenewo, olemera, oyenda modekha, opakidwa utoto wowala, ndi amene kuno amati chukkie, potsanzira kulira kwa injini yake.

Nsomba ya mudzi uno ndi snoek. Kuti muimvetse, ganizani za mcheni wa kwathu, koma wotalika pafupifupi mita, wonyezimira ngati chitsulo, mano ake ngati malezala. Imabwera m'magulu, makamaka m'miyezi yozizira, ndipo ikabwera mudzi wonse umadzuka. Maboti amanyamuka tambala asanalire. Saponya ukonde, munthu aliyense ali ndi malo ake m'boti ndi chingwe chake cham'manja, zala atazikulunga kuti chingwe chisamudule. Ikadya, amaikoka msangamsanga, kuipana m'khwapa, n'kuithyola khosi isanamulume, chifukwa bala la snoek limatuluka magazi osaleka msanga. Aliyense amaika chizindikiro chake pansomba zake, ndipo pogulitsa gawo lina limapita kwa mwini boti, monga mmene alovi a kwathu amagawanirana ndi mwini chilimira. Kulibe malipiro apamwezi. Mukabwerako chimanjamanja, mafuta a injini awonongeka ndipo kunyumba kulibe kanthu. Boti likakocheza, nsomba amaziponya pasimenti, ogula mopikula amene kuno amawatcha langana n'kuyamba kulimbirana mtengo mofuula. Pambali pamakhala amayi a mipeni amene amaing'amba chakumsana kamodzi kokha, kuitambasula ngati buku, kuitsuka, kuithira mchere n'kuipachika. Amafulumira chifukwa snoek ikachedwa mnofu wake umafewa n'kukhala ngati phala, ndipo yotero palibe amene amaigula. Kale ogulitsa ankazungulira m'makwalala a Cape Town pangolo ya hatchi akuliza lipenga, amayi n'kumatuluka ndi mbale. Snoek yamchere ndi imene inalera amphawi a mzindawu kuyambira nthawi ya ukapolo.

Woperekeza wathu atatifikitsa padoko anatilozera kumtunda, kuseri kwa masitolo a zinthu zakale ndi malo omwera khofi, kumene kuli nyumba zosanjikana zosakongola kwenikweni, zovala zili pachingwe. Ambiri m'gulu lathu sanazijambule. Komatu mudzi wonse wagona pamenepo. Asodzi ankakhala m'tinyumba tamalata ndi matabwa, tothithikana, ndipo lamulo la 1934 lolola kugwetsa malo otchedwa auve linapatsa akuluakulu a mzinda mpata wowachotsa. Anthu anakana kupita kutali ndi nyanja. Mapeto ake khonsolo ya Cape Town inawamangira mafulati amenewa m'zaka za m'ma 1940, pamalo pomwe ankakhalapo, poti munthu akaima pakhomo aziona doko.

Boma la tsankho litakhazikitsa lamulo la Group Areas mu 1950, logawa malo okhala potengera khungu, linayamba kudya madera amodzi ndi amodzi. District Six, dera la mkati mwa mzinda wa Cape Town, inalengezedwa kuti ndi ya azungu mu Febuluwale 1966, ndipo anthu oposa 60,000 anachotsedwa, nyumba zawo n'kugumulidwa. Mu 1967 inali nthawi ya gombe lino. Ku Simon's Town mabanja amene anakhalako mibadwomibadwo anakwezedwa m'malole kupita ku Ocean View, malo a dzina lonena za kuona nyanja koma kutali ndi doko ndi ntchito zawo. Kalk Bay nayo inalengezedwa chaka chomwecho kuti ndi ya azungu okha.

Apa ndi pamene panachitika chinthu chosowa m'mbiri ya dziko lino. Asodzi anakana, ndipo mfundo yawo inali yosavuta kumva. Msodzi sayendera wotchi ya fakitale. Amadzuka pakati pa usiku, kuyang'ana mitambo paphiri, kumvetsera mphepo, n'kudziwa ngati lero n'kolowa m'madzi kapena ayi. Namondwe akayamba usiku amayenera kuthamangira padoko kukamangitsa boti. Mukamuika ku Cape Flats, kumalokeshoni kumene boma linkasamutsirako anthu osakhala azungu, makilomita ambirimbiri kuchokera padoko, sitima yoyamba isanayambe kuyenda, mwapha usodzi wonse. Atsogoleri a mipingo anawaikira kumbuyo, azungu ena a m'mudzimo nawonso anatsutsa, ena chifukwa cha chilungamo, ena chifukwa ankadziwa kuti popanda maboti mudzi wawo ndi msewu chabe wa nyumba zodula. Boma linabwerera m'mbuyo pang'ono: linati okhala m'mafulati aja akhale kaye zaka 15. Zaka zija zitatha silinawachotse, mpaka lamulolo linafafanizidwa mu 1991 iwo ali pomwepo.

Nkhaniyi imakoma kuisimba, ndipo operekeza alendo amaikonda. Koma ili ndi mbali ina imene imanenedwa motsitsa mawu. Chifundo chija chinali cha okhala m'mafulati okha. Mabanja amene ankakhala m'nyumba zina m'mudzimo, ena eni nyumba, ena a lendi, anachoka ndithu. Ndiponso mafulati sakula. Mwana akakwatira analibe poti amange pafupi ndi makolo, ndiye ankapita kumalokeshoni komwe boma linkafuna poyamba. Mudzi unapulumuka, koma unali ngati mtengo woudulira nthambi chaka ndi chaka.

Kagombe kamchenga kamene kali mkati mwa doko, pansi pa chikhoma cha njanji chija, kanali kamodzi mwa malo ochepa m'mbali muno amene anthu osakhala azungu ankaloledwa kusambirapo. Magombe a Muizenberg ndi St James anali ndi zikwangwani zonena kuti ndi a azungu okha. Ndiye pa Khirisimasi ndi pa Nyuwere sitima zinkabwera zodzaza, mabanja ndi mapoto awo, kudzathithikana pakamchenga kameneka pafupi ndi mafuta a maboti. Zikwangwani zinachoka kalekale koma mwambowo ulipobe, anthu amabwerabe pomwepo. Tsiku lina ndinamva mayi wina wa m'nyumba za pamwamba akudandaula za phokoso la masiku amenewo, ndipo ndinangomuyang'ana.

Chimene chandivuta kwambiri kumvetsa ndi choti nkhonya yowawa inabwera ufulu utabwera kale. Nsomba zinali zitayamba kuchepa, zimenezo n'zoona. Mitundu ya nsomba zam'miyala ndi zina monga kabeljou ndi geelbek inaphedwa mopitirira kwa zaka zambiri, moti mu Disembala 2000 boma linalengeza kuti usodzi wa mbedza uli pangozi n'kudula kwambiri chiwerengero cha maboti ololedwa. Koma lamulo latsopano la za m'nyanja la 1998 linali litalembedwa ngati kuti asodzi alipo a mitundu itatu: makampani, opha nsomba pongosangalala, ndi ophera m'phika wapakhomo. Munthu wopha ndi dzanja n'kugulitsa padoko kuti alipire sukulu ya ana analibe malo ake enieni m'menemo. Kuti upeze chiphaso unkayenera kudzaza mafomu ochindikala, kulipira, kuonetsa mapepala a msonkho ndi a kubanki, zinthu zimene kampani ili ndi munthu wake wozichita, pamene nkhalamba imene yakhala panyanja zaka makumi anayi ilibe. Ziphaso za nthawi yaitali zitagawidwa cha mu 2005, asodzi ang'onoang'ono ambiri m'dziko lonse anatsala panja. Anapita kukhoti mothandizidwa ndi bungwe la Masifundise ndi maloya a Legal Resources Centre, ndipo mu 2007 khoti loona za kusasankhana linalamula boma kuti likonze ndondomeko yowaganizira. Ndondomekoyo inatuluka mu 2012. Anthu asanapume n'komwe, kumapeto kwa 2013 ziphaso za usodzi wa mbedza zinatha nthawi, ndipo mndandanda watsopano utatuluka ambiri amene anali nazo kale anapeza kuti mayina awo mulibe. Ku Kalk Bay maboti ena analowa chaka chatsopano ali omangirira, ndipo boti limodzi likaima ndi mabanja khumi kapena kuposa amene agona ndi njala. Boma lomwelo linadzavomera pambuyo pake kuti kagawidweko kanali ndi zolakwika.

Pamwamba pa zimenezo pali mpikisano umene chukkie singauthe. Masiku ano kuli timaboti tothamanga tokokedwa ndi galimoto. Foni ikalira kuti snoek yatulukira kugombe lakumadzulo, eni ake amangokoka usiku womwewo, kukaponya m'madzi kumeneko, n'kufika pamsika chukkie isanatembenuke. Zombo zamakoka zamakampani nazonso zimakola snoek yambiri kunja kwa nyanja pofuna nsomba zina. Ana a asodzi akuona zonsezi, ndipo ambiri sakufunanso ntchito ya bambo awo. Sindingawanene. Inenso ndinathawa nkhafi.

Pamene maboti akuchepa, dzina la mudzi likukwera. Mu 2018 magazini ya Forbes inaika Kalk Bay pamndandanda wa madera osangalatsa kwambiri padziko lonse, ndipo nyumba zimene kale zinali za anthu wamba lero mtengo wake ngwoti msodzi sangaulote. M'malesitilanti khoma lililonse lili ndi chithunzi cha boti ndi nkhalamba ya ndevu itanyamula nsomba. M'makhitchini mwake mukalowa mupeza Azimbabwe, Akongo ndi ife Amalawi tikutsuka mbale. Zinandikumbutsa ku Chembe, ku Cape Maclear, kumene malo ogona alendo anandandalika m'mphepete mwa madzi, matandala oyanikapo usipa n'kumapanikizika pakati pawo, pamene alendowo chimene amabwerera ndi mudzi wa asodzi womwewo. Ndipotu mayina amatilumikiza mosayembekezera: David Livingstone anatcha malo aja dzina la mnzake Thomas Maclear, katswiri wa nyenyezi amene ankagwira ntchito mu Cape Town muno, ndipo kumapeto kwa chigawo chino, pafupi ndi Cape Point, kulinso Cape Maclear ina.

Tsiku la ulendo lija tinafika padoko cha m'ma 1 koloko. Nyama zija zotchedwa seal, zonga akatumbu onenepa, zinali gone pasimenti kudikira matumbo a nsomba, mwana wina akuziyandikira mayi ake n'kumukoka malaya. Panalowa boti limodzi lokha, lobiriwira, amuna ake atavala zovala zamphira, maso ofiira ndi tulo. Anaponya pansi tinsomba tochepa tomangirira pachingwe, ndipo makamera amene anawazungulira anali ambiri kuposa nsombazo. Mmodzi wa iwo, bambo wachikulire, anayatsa fodya n'kutembenukira kunyanja kuti asajambulidwe kumaso.

Alendo atalowa kukadya, ine ndi mlamu wanga tinapita kumatebulo ogulitsirapo. Panali snoek zazitali bwino, zong'amba kale, mchere uli mbuu. Mlamu wanga ananenerera mpaka mayi wogulitsayo anaseka n'kutichotserako pang'ono, n'kutikulungira m'nyuzipepala. Ndinamufunsa kuti yaphedwa ndi boti liti mwa amene ali padokowa. Anapukusa mutu, n'kuloza ndi mpeni kumalo oimikapo magalimoto, kumene kunali kagalimoto kotsegula kumbuyo kokutidwa ndi lona. Inabwera m'mawa womwewo kuchokera kugombe lakumadzulo, ulendo wa maola angapo pamsewu. Tinaitenga, n'kukwera nayo sitima ya ku Muizenberg, madzi ake akudontha pansapato zanga zabwino zija.